Kuchoka Osatsanzika

Kwathu munthu sachoka pakhomo pa mnzake osatsanzika. Ngakhale wangobwera kudzabwereka sefa, pochoka umanena kuti, "Ndapita," eni khomo n'kuyankha kuti, "Pita bwino, ukapereke moni." Ukakhala mlendo wochokera kutali amakuperekeza mpaka pamphambano. Zimenezi ndinazidziwa ndisanadziwe kulemba dzina langa. Komabe chaka chimene ndinali mu giredi 9 ndinachoka osatsanzika katatu motsatizana, kwa munthu mmodzi yemweyo, ndipo munthuyo anali mnzanga yekhayo amene ndinali naye.

Tinkakhala desiki imodzi kuyambira giredi 7, pasukulu ya kufupi ndi kwathu, mbali ya ku Mkaika. Iye anali wolankhula, ine wachete. Aphunzitsi akandiloza ndinkabweza mutu m'mapewa, yankho lili m'kamwa, ndiye anayamba kunditcha kamba. Sindinkakwiya nazo. Ndi iye amene ankandigulira zitumbuwa pageti chifukwa ine ndinkachita manyazi kuitanitsa, ndipo ine ndinkamulembera manotsi chifukwa zolemba zake ngakhale mwiniwake ankalephera kuziwerenga.

Kumapeto kwa giredi 8 atate ake, amene ankagwira ntchito ya zaumoyo, anawasamutsira ku Vubwi. Ndinawaperekeza mpaka kumsewu waukulu, ndinamunyamulira chidebe chimene munali nsapato zake. Sindinalire. Ndinabwerera kunyumba n'kulemba masamba anayi m'kope langa.

Kope limeneli ndimalembamo za tsiku lililonse. Ndinayamba ndili giredi 5 ndipo makope odzaza ndimawasunga m'sutikesi pansi pa bedi. Sinditaya zinthu. Muli matikiti a basi, timapepala timene mnzangayo ankandipatsira m'kalasi, ngakhale kapepala kokutira switi kamene anandipatsa tsiku la mayeso. Khalidwe limeneli ndi limene linabweretsa vuto lonse, koma panthawiyo sindinkadziwa.

Atangosamuka ankandiimbira pafoni ya amayi. Zinkakanika. Iye ankalankhula, ine ndinkangoti "ee", kenako "ayi", kenako zii.

"Kamba, ulipo?"

"Ndilipo."

"Ndiye tokotaimu yanga ithe ndikumvera iwe ukupuma?"

Ndi iye amene anapeza njira. Anandiuza kuti ndiike gemu ya ludo pafoni ya amayi, yosewera anthu awiri ngakhale ali kutali. Tinagwirizana kuti tizikumanamo Loweruka lililonse ikakwana 15 awazi masana, nditatha kuchapa, iye atabwera ku kwaya. Amayi anavomera, bola ndiyambe ndamaliza ntchito ndipo foni ndibweze batire isanathe. Inali foni wamba, yosweka pakona, imene tinkatchaja ndi kasola kokhala padenga.

Gemuyo ndi yosavuta. Aliyense ali ndi timabatani tinayi, ife tinkatitcha ana. Umaponya dayisi, n'kuyendetsa mwana kuzungulira mpaka alowe kwawo. Mwana wa mnzako akaima pamene pali wako, amamudya, wako n'kubwerera poyambira. Nthawi yako yoponya ikafika, pachithunzi chako pamazungulira kamzere kamene kamatha pang'onopang'ono. Kakatha usanaponye, gemu imakuponyera yokha. Zikachitika kangapo motsatizana imakutulutsa, ndipo mnzako amaona uthenga wakuti wachoka. Ana anga anali obiriwira, ake ofiira.

Pansi pake pali polembera mawu, ndipo apo ndi pamene ndinapeza pakamwa. Polemba sindichita manyazi. Akandidya mwana ankalemba kuti, "Ndiwo zapezeka." Ine ndinkayankha kuti, "Udzatsamwa." Pakati pa zonyozanazo tinkauzana zina: kuti ng'ombe yathu yabereka, kuti kwawo foni nthawi zina imagwira netiweki ya ku Malawi, kuti aphunzitsi a masamu ameta ndevu. Zimene ndinalankhula naye m'kabokosi kameneko zinaposa zimene ndinalankhula zaka ziwiri tili desiki imodzi.

Koma gemu ikatha mawu onse ankafufutika. Zimenezi zinkandiwawa. Tsiku lina ndikukoka sikirini kuchokera pamwamba ndinaona kabatani kojambulira zonse zimene zikuchitika pafoni. Ndinayesa, zinatheka. Kuyambira pamenepo gemu iliyonse ndinkaijambula kuyambira poyamba mpaka pomaliza, ina theka la ola, ina pafupifupi ola lathunthu. Mkati mwa sabata, amayi akasiya foni pawindo, ndinkakhala kuseri kwa nkhokwe n'kumaonera. Sizinkadya bandulo, ndiye ndinkaona ngati sindikuwononga chilichonse. Mavidiyowo ankalowa m'foda imene amayi sankatsegula. Sindinauze munthu, ngakhale mnzangayo.

Nyengo yozizira itayamba, gemu inayamba kulemera. Poyamba inkangochedwa kutseguka. Kenako dayisi inkazungulira modukizadukiza, mwana n'kuima pakati pa njira, n'kudzaoneka ali kale kutsogolo. Kumsana kwa foni kunkatentha. Pamwamba pankabwera kauthenga kachingerezi konena kuti malo osungira zinthu atsala pang'ono kutha. Ine ndi amayi tinkangokakankhira pambali ndi chala, monga tinkachitira ndi mauthenga otsatsa malonda.

Loweruka loyamba limene ndinachoka, iye anali atalowetsa ana atatu, ine mmodzi. Nthawi yanga itafika ndinadina dayisi, osayenda. Ndinadinanso, ndinadina ndi chala china, ndinapukuta sikirini ndi chitenje. Foni yonse inauma. Patapita kanthawi gemu inadzitseka yokha. Pamene inkatsegukanso masewero anali atatha. Uthenga wake unabwera: "Kamba wathawa nkhondo." Ndinaseka, ndinayankha kuti foni inaima. Anati, "Mafoni onse amaima eniake akamaluza."

Ndinaganiza kuti vuto ndi netiweki, chifukwa kwathu chilichonse chikavuta pafoni timati netiweki. Loweruka lachiwiri ndinakwera pachulu cha kumunda kwa thonje, pamene anthu amakaimbira foni mvula ikagwa. Timizere ta netiweki tinali todzaza. Tinasewera bwino pang'ono, ngakhale ana ankayenda motsimphina. Kenako, pakati pa masewero, analemba mawu amene sanali oseka.

"Kamba, kuno sindikusangalala. Atsikana a m'kalasi amandiseka kalankhulidwe, akuti ndimadzimva wa m'tauni. Pa buleki ndimadya ndekha."

Ndinawerenga kawiri. Munthu amene ankandigulira zitumbuwa ankadya yekha. Ndinadina polembera kuti ndiyankhe, koma zilembo sizinatuluke. Ndinadikira. Foni inatentha m'manja mwanga, sikirini inangokhala chomwecho, mawu ake ali pompo. Kenako gemu inatseka. Ndinazimitsa foni n'kuyatsanso, inatenga nthawi yaitali, ndipo ndisanatsike pachulupo amayi anali akundiitana kuti akufuna foni apite nayo kumsonkhano wa amayi a kutchalitchi.

Ndinaigwiranso mawa lake titabwera kopemphera. Ndinalemba uthenga wautali, n'kuufufuta. Ndinalembanso wina, n'kuona kuti ukumveka ngati wa aphunzitsi. Pomaliza ndinatumiza mawu atatu okha: "Pepa, foni inaimanso." Anayankha limodzi: "Chabwino."

Loweruka lachitatu anabwera, koma sanalembe chilichonse m'kabokosi. Tinaponya kangapo mwakachetechete. Ndinali ndikukonza m'mutu mawu oti ndimufunse za atsikana aja pamene foni inaumanso. Ulendo uno sinalole n'komwe kuti nditsegulenso gemu. Madzulo uthenga unabwera.

"Ngati watopa nane ungonena. Munthu amatsanzika. Sabata yamawa usavutike."

Ndinalemba kuti si dala. Uthengawo anauwerenga, timizere tinaonetsa, koma sanayankhe.

M'kope langa la tsiku limenelo muli mzere umodzi: "Akuganiza kuti ndinamva zimene ananena n'kutembenuka." Ndinadziwa kuti kupepesanso sikungathandize. Ndinali nditapepesa kawiri ndi mawu omwewo. Chimene chinkafunika chinali chakuti ndikhale naye mpaka gemu ithe, ndipo foniyo sinkandilola.

Ndi pamene ndinakumbukira kauthenga ka pamwamba kaja. Ndinakawerenga bwinobwino kwa nthawi yoyamba, ndipo ndinaganiza kuti wolakwa ndamupeza. Amayi ali m'gulu la pafoni la amayi a kutchalitchi. M'mawa uliwonse m'gulumo mumagwa zithunzi za maluwa, za njiwa, za dzuwa likutuluka, zolembedwa moni ndi madalitso. Zonse zinkalowa m'foni zokha, ndipo zinali zambirimbiri, zoyambira chaka chatha.

Ndinawapeza akusenda nshawa pakhonde.

"Amayi, foni yadzaza. Tifufuteko maluwa."

"Maluwa ati?"

"A moni aja."

Anasiya kusenda. "Moni wa munthu ndiufufute? Wadzuka m'mawa, wandikumbukira, ine n'kutaya?"

"Munawerenga kale, munayankhanso."

"Nanga akaona kuti ndafufuta?"

"Saona. Zimachoka m'foni mwanu mokha."

"Amayi ena anafufuta uthenga m'gulu, tonse tinaona kuti pafufutidwa chinthu. Mpaka lero anthu amafunsana kuti analemba chiyani."

Ndinawafotokozera kuti kumeneko ndi kufufuta kwina. Sanakhulupirire msanga. Koma masiku amenewo foni inali itayamba kukana kujambula zithunzi, ndipo iwo ankafuna kujambula thonje lawo asanaligulitse, ndiye anavomera. Anakana kuti ndifufute zonse pakamodzi. Anati ndiziwaonetsa chimodzichimodzi.

Tinatha masana onse. Ine ndinkaonetsa, iwo ankasuzumira manja ali m'lichero.

"Awa ndi amayi oimbitsa kwaya. Pepani, amayi. Fufuta."

"Ichi?"

"Awa ndi aja a ku Sinda, anatumiza mwendo ukuwapweteka. Siya."

"Amayi, atumiza zofanana zisanu ndi chimodzi."

"Siya chimodzi. Pepani, asisi, kasanu."

Vidiyo ya ku mwambo wa Kulamba anati isakhudzidwe, ya ukwati wa msuweni wanga chimodzimodzi. Pamene tinkamaliza maluwa ambiri anali atapita ndipo amayi anali atapepesa pafupifupi mpingo wonse. Ndinatsegula gemu. Inatseguka mofulumirirapo pang'ono. Ndinayesa kusewera ndekha ndi kompyuta, ndipo pasanapite nthawi ana anayambanso kutsimphina. Kauthenga kaja kanabwerera mawa lake.

Loweruka limenelo ndinalowa m'gemu pa 15 awazi n'kudikira. Sanabwere.

Lachiwiri lotsatira sukulu inali itatsekera, ndipo amayi ananditenga popita ku Katete kukagulitsa nshawa. Titamaliza anati tipite kwa amayi ena amene ali ndi kashopu pamsika, ogulitsa matchaja ndi makava komanso kukonza mafoni. Anali amayi onenepa, ovala magalasi omangidwa ndi kawaya, olankhula mofulumira chinyanja cha m'tauni.

"Yavuta chani?"

"Ikukana kujambula," anatero amayi. "Mwanayu akuti gemu yakenso ikuima. Mwina netiweki."

"Ikaima, mukadina zina zimayenda?" Funsoli linkabwera kwa ine. Ndinayang'ana pansi.

"Yankha, akukufunsa," anatero amayi.

"Siziyenda. Yonse imauma. Imatenthanso."

"Ndiye si netiweki. Netiweki ikavuta, gemu imakudikiritsa koma foni imamva chala. Iyi yadzaza." Anaitembenuza m'manja. "Amayi, mumasenda nshawa?"

"Tangogulitsa kumene."

"Ndiye tiyerekeze mukusendera m'chipinda chimene matumba afika mpaka pakhomo. Lichero muika pati? Makoko mutaya kuti? Ntchito mukuidziwa, manja ali bwino, koma mungoima. Gemu ikamayenda imakhala ikutula tinthu, kunyamula, kutulanso. Ikasowa potula imayamba kuchedwa, kenako imagwa. Mafoni ang'onoang'ono awa malo ake ndi ochepa kale. Pamafunika kusiya mpata."

"Tinafufuta maluwa," anatero amayi. "Ambiri."

"Maluwa ndi makoko chabe. Tione matumba."

Anatsegula penapake pamene ine ndinali ndisanafikepo. Panali mzere wautali wamitundumitundu wosonyeza zimene zadya malo. Zithunzi zinali kachigawo kakang'ono. Gemu nayonso sinali yaikulu. Mbali yaikulu ya mzerewo inali ya mtundu umodzi, ndipo pansi pake panalembedwa kuti mavidiyo. Ndinadziwa chimene chinali m'menemo iwo asanadine n'komwe.

"Mumaonera mafilimu?"

"Ine? Ndili ndi ya Kulamba ndi ya ukwati basi."

"Nanga izi?"

Mndandanda unatuluka, Loweruka pamwamba pa Loweruka, kuyambira mwezi wachiwiri. Anatsegula imodzi. Ana obiriwira ndi ofiira anayamba kuyenda, ndipo pansi panatuluka mawu akuti, "Ndiwo zapezeka."

Amayi anandiyang'ana. Amayi a mafoni aja anandiyang'ana pamwamba pa magalasi.

"Mwana iwe, umajambula ludo? Ena amajambula maukwati, iwe ludo?" Anaseka, koma osati moipa. "Imodzi mwa izi ikuposa maluwa a chaka chonse. Komanso ukamajambula uku ukusewera, foni ikugwira ntchito ziwiri pakamodzi, ndi chifukwa chake ikutentha. Ukuidyetsa katundu nthawi yomweyo imene ikufuna mpata."

Ndinafunsa, ndi mawu amene ndinawamva ndekha movutikira, ngati tingazisamutsire pa memore khadi. Anatulutsa kathireyi ka m'mbali mwa foni n'kutionetsa. Malo a khadi ndi omwewo a simu yachiwiri, ndipo amayi ali ndi masimu awiri: ina ya achibale ndi tchalitchi, ina imene imagwira kumunda.

"Musankhe," anatero. "Simu kapena khadi. Ndipo ngakhale muike khadi, gemu imakhala m'kati mwa foni. M'katimo ndi mmene mufunika mpata."

"Simu siichoka," anatero amayi.

"Ndifufute?" Chala cha amayi a mafoni aja chinali kale pamwamba pa mndandanda.

"Ayi." Linatuluka mokweza kuposa mmene ndinkafunira. Anthu awiri amene ankasankha makava anatembenuka.

Amayi anatenga foni n'kuimanga pansonga ya chitenje. "Zikomo, amayi. Tikamaliza kunyumba."

Tinakwera basi, tinadutsa masitolo omaliza. Kenako amayi anati, akuyang'ana pawindo, "Ndiye maluwa anga anafera chabe."

"Pepani, amayi."

"Ndinapepesa amayi abusa pa mlandu wa ludo."

Ndinkayembekeza kuti akalipa, koma pakamwa pawo pankagwedera ngati akubisa kuseka. Patapita kanthawi anafunsa chimene ndinkasungira zinthu zimenezo. Ndinawauza kuti ndi mawu a mnzanga, kuti gemu ikatha amafufutika. Ndinawauzanso za Loweruka la pachulu lija, ndi zimene analemba, ndi kuti tsopano sakuyankha. Aka kanali koyamba kuuza munthu ndi pakamwa.

"Ndiye ukusunga mawu ake akale, mwiniwake akukudikira kunja," anatero. "Uli ndi kope. Ulembe zimene ukufuna, kenako ufufute wekha. Ine sindikhudza. Ukamafufuta uzipepesa ngati mmene ndinachitira ine."

Anandisiyira foni masana atatu. Ndinkakhala pansi pa mtengo wa mango, kope pamwendo. Ndinkatsegula vidiyo, kuithamangitsa mpaka pamene pali mawu, kuimitsa, kukopera. Ndinkalemba tsiku pamwamba, mawu ake ndi bolopeni yofiira, anga ndi yabuluu chifukwa yobiriwira ndinalibe. Ndikamaliza ndinkadina kufufuta, foni n'kundifunsa ngati ndatsimikiza. Yoyamba ndinakhala nthawi yaitali ndisanavomere. Ndinanenadi kuti pepa, motsitsa, nditayang'ana kaye ngati pali munthu.

Ndinadabwa kuona kuti mawu a ola lathunthu ankakwana theka la tsamba. Zina zonse zinali dayisi kuzungulira.

Vidiyo ya pachulu ndinaisiya pomaliza. Inali yodukaduka chifukwa foni inali ikuvutika pojambula, koma zinkaoneka. Mawu ake anatuluka. Kenako kamzere ka pachithunzi changa kanayamba kutha, kanatha, gemu inandiponyera. Kanayambanso, kanatha. Tsiku lija maso anga anali pa polembera pamene pankakana kutseguka, ndipo sindinaganize za zimene iye ankaona. Iye ankaona munthu amene wawerenga, ali pompo, sakuyankha, sakuponya, kenako wachoka. Ndikanakhala ine sindikanabweranso Loweruka lachitatu. Iye anabwera.

Ndinakopera mawuwo, ndinafufuta vidiyoyo. Ndinapita pa mzere wamitundumitundu uja, umene tsopano ndinkadziwa poupeza. Kuposa theka kunali koyera. Ndinatsegula gemu, inatseguka nthawi yomweyo. Ndinasewera ndi kompyuta katatu, ana ankathamanga osapunthwa, foni ili yozizira.

Chotsala chinali kumuuza. Uthenga wanga uja unali chikhalire osayankhidwa, ndipo ndinadziwa kuti wachiwiri ukakhala pamwamba pake. Lachisanu masana ndinapempha amayi kuti ndiimbe. Anandiyang'ana ngati ndapempha kuyendetsa galimoto, koma anandipatsa. Ndinapita kuseri kwa nkhokwe. Inaitana nthawi yaitali.

"Halo."

"Ndine."

"Ndadziwa." Panali zii. Nthawi zonse iye ndi amene ankadzaza zii ameneyo. Ulendo uno anangomusiya.

"Foni inadzaza," ndinatero. "Inadzaza ndi iwe."

"Ndi ine bwanji?"

Ndinafotokoza, mosalongosoka, ndikuyambira pakati. Ndinanena za kabatani kojambulira, za maluwa a amayi, za amayi a magalasi a waya, za kope. Ndinanena kuti mawu ake a pachulu ndinawawerenga kawiri, kuti ndinadina kuti ndiyankhe koma zilembo zinakana, ndipo kuti mawa lake ndinalemba zambiri n'kuzifufuta chifukwa cha manyazi. Sindikudziwa kuti ndinalankhula nthawi yaitali bwanji.

"Dikira," anatero. "Magemu onse? Unkajambula onse?"

"Kuyambira mwezi wachiwiri."

"Ndi ija ndinakudya ana atatu motsatizana?"

"Ndinaionera kanayi."

"Ndiwe wodwala, kamba." Mawu ake anali atasintha pang'ono. "Ndiye amayi ako anafufuta madalitso chifukwa cha ine?"

"Ankapepesa chimodzichimodzi."

Anaseka, kenako anasiya. "Ndinalira tsiku lija. Sindinauzepo munthu wina zimene zija."

"Ndikudziwa. Pepa. Ukudyabe wekha?"

"Tatsekera, ndiye ndikudya ndi ang'ono anga. Tikatsegulira sindikudziwa."

"Mawa ubwera?"

"Ndiona," anatero, n'kudula.

Loweruka ndinachapa m'mawa kwambiri. Foni ndinaitchaja mpaka kudzaza, ndinatseka zina zonse zimene zinali zotsegula. Pa 15 awazi ndinali pakhonde, gemu yotsegula. Amayi anali pafupi akusankha nyemba, akuchita ngati sakundiona. Panadutsa mphindi khumi. Chala changa chinapita chokha pamwamba pa sikirini, pa kabatani kojambulira, ndinachibweza. Panadutsa zina khumi. Kenako chithunzi chake chinayaka.

Sanapereke moni. Anaponya, ndinaponya. Dayisi inkagwa nthawi yomweyo. Titazungulira kamodzi ndinalemba funso limene ndinalephera kulemba pachulu, lakuti atsikanawo ndi angati ndipo amati chiyani kwenikweni. Zilembo zinatuluka. Anayankha, poyamba mwachidule, kenako motalika, moti kawiri kamzere kake kanatha gemu n'kumuponyera. Anati alipo mmodzi amene samuseka, wochokera mbali ya kumalire, koma ndi wachete kwambiri. Ndinamuuza kuti anthu achete amadikira kuti wina ayambe, ndipo amugulire chitumbuwa aone. Anati, "Ndiye ndiweta akamba awiri."

Mwana wanga womaliza anali atatsala masitepe anayi kuti alowe pamene anamudya. "Ndiwo zapezeka," analemba. Ndinaluza. Gemu inaonetsa chikho pachithunzi chake, ndipo foni inali ikadali yozizira m'manja mwanga.

Pambuyo pa masewero kabokosi kamakhalabe kotsegula mpaka wina atuluke. Ndinalemba kuti, "Ndapita."

"Pita bwino. Ukapereke moni kwa amayi, uwauze kuti pepani za maluwa."

"Amva."

Sindinatuluke. Iyenso sanatuluke. Zithunzi zathu zinangokhala zoyaka, chake pamwamba, changa pansi.

"Ukudikira chani?" analemba.

"Ndikukuperekeza."

"Wanena kuti wapita ndiwe. Woperekeza ndine. Tuluka, kamba, bandulo ikutha."

Ndinatuluka. Ndinapereka foni kwa amayi pamodzi ndi moni wawo, ndinatenga kope ndi mabolopeni awiri aja, n'kuyamba kulemba zimene ndinkakumbukira mawu asanandithawe. Ena ndinawaiwala, ndipo pamenepo ndinangosiya mpata.